Akulu Anga ndi Fulashi Yokana Kusintha Dzina

Akulu anga anthu amawatchula kuti aChidindo. Ambiri amayesa kuti dzinali analitenga ku ofesi, koma linachokera kunyumba kwathu. Tili ana, iwo ankalemba mayina pa chilichonse: pa makapu, pa miswachi, kunsi kwa nsapato, ngakhale pa mpini wa tsache. Tsiku lina bambo athu anapeza m'kati mwa chipewa chawo mwalembedwa kuti "cha bambo". Anachitembenuzatembenuza n'kufunsa kuti, "Kodi m'nyumba muno muli abambo angati?" Kuchokera tsiku limenelo anayamba kuwaitana kuti Chidindo, dzina n'kumera mizu.

Atamaliza sukulu anaphunzira kutaipa, n'kupeza ntchito pa kampani ina yotumiza katundu. Ankagwirira m'chipinda chachitali cha m'mwamba, chokhala ndi mawindo mbali imodzi yokha. Amayi otaipa ankakhala mondondozana, aliyense ndi makina ake, ndipo phokoso lake unkalimvera pa masitepe ngati mvula ya pa malata. Ine ndikapita kukawaona sankandiyang'ana mpaka pepala lithe. Likatha ankalisolola, n'kuliyendetsa chala mzere ndi mzere. Ankakonda kunena kuti wotaipa sawerenga mawu, amawerenga zilembo, chifukwa mawu amakunamiza kuti ali bwino pamene chilembo china chathawa.

Kumeneko n'komwe anakumana ndi alamu, amene nthawi imeneyo ankayendetsa lole ya kampaniyo. Alamu ndi munthu wamtali, wolankhula mokweza, wokonda nyimbo kuposa chakudya. Anakwatirana, Mulungu n'kuwapatsa ana awiri, wamkazi ndi wamwamuna. Msana utayamba kuwavuta, alamu anasiya malole n'kuyamba kuphunzitsa anthu kuyendetsa galimoto pa sukulu ina ya m'tauni.

Ntchito ya akulu anga inatha mwakachetechete. Kampani inagula makompyuta, bwana aliyense n'kumadzilembera yekha makalata ndi zala ziwiri, ndipo chipinda chachitali chija anachisandutsa mosungira makatoni. Akulu anga anabwerera kunyumba ndi kapu yawo ya tiyi ndi kansalu kofunditsira makina. Sanalire, sanadandaule kwa munthu. Anangoyamba kukonza m'nyumba, ndipo patapita miyezi alamu anabwera kushopu kwanga nkhope ili gwa.

"Mlamu, atengeni akulu anuwa muziwapatsa chochita," anatero. "Dzulo ndapeza pa chitseko cha bafa pamatidwa pepala lakuti bafa. Ine m'nyumba ija ndakhalamo kuyambira kale, ndinasocherapo liti?"

Ine ndili ndi kashopu ka fotokope. Ndimagulitsanso mapepala, zolembera ndi maenvulopu, komanso kukuta ziphaso ndi pulasitiki. Kuseri kwa kauntala kuli kachipinda kopanda windo, ndipo masiku amenewo ndinkakabwereketsa kwa bambo wina wokonza makompyuta, amene tonse tinkangomutchula kuti Wamagalasi. Akulu anga ndinawaika patebulo la pakhomo pa kachipindako kuti azitaipira anthu makalata ofunsira ntchito. Kiyibodi ya kompyuta anaizolowera msanga, ngakhale poyamba ankaimenya ngati ili ndi mlandu.

Chimene sanazolowere ndi chipwirikiti cha Wamagalasi. Munthu uja ankasiya tizitsulo paliponse, mawaya atapiringizana ngati mizu, makompyuta a eni ake ataunjikana osadziwika kuti iyi ndi ya ndani. Akulu anga anapirira sabata yoyamba yokha. Kenako anayamba kumata mayina pa makompyuta, kusanja tizitsulo m'zitini, ndi kumugwirira tochi akamasuzumira m'kati mwa makina. Wamagalasi sanali mphunzitsi. Ukamufunsa funso ankayankha ndi mphuno. Koma akulu anga ankayang'anitsitsa manja ake, ndipo chomwe aona kamodzi sankafunsanso. Mmene zaka zinkapita anayamba kusintha okha mabatire, kupukuta fumbi m'mafani, kuchotsa mavairasi ndi kuika sisitimu, ndiye kuti pulogalamu yaikulu imene imadzutsa kompyuta n'kumayendetsa zina zonse. Wamagalasi atapeza ntchito mumzinda wina, anawasiyira tebulo, zitini ndi makasitomala ake. Anangoti, "Mayi, zikakuvutani muziimba foni," n'kunyamula chikwama.

Anthu poyamba ankati akalowa n'kuona mayi wa imvi atagwira sikuludiraiva, ankafunsa kuti, "Akonzi atuluka?" Akulu anga ankangoti, "Ikani apa," n'kumata dzina la munthuyo pa kompyuta yake. Ambiri mwa ofunsawo ndi amene amabwerabe mpaka lero.

Nkhani ya fulashi inachitika chaka chimene mwini sukulu ya alamu anagula makompyuta akale, ogwiritsidwapo kale ntchito, kuti ophunzira aziyeserapo mafunso a zikwangwani za pamsewu. Makompyutawo anabwera atakhomedwa ndi mawu achinsinsi a eni ake akale, ndiponso akulankhula chinenero chomwe pasukulupo panalibe wochimva. Bwanayo akudandaula, alamu anadziguguda pachifuwa pamaso pa anzawo onse.

"Bwana, musavutike. Katswiri ndimagona naye nyumba imodzi."

Akulu anga anaimbira Wamagalasi kuti amve maganizo ake. Iye anati makina okalamba chotero sangasenze sisitimu imene iwo anazolowera kuika, bola aike ina yopepuka, yaulere, ndipo anawauza kokaitenga. Anaikopera pa laputopu yawo, n'kutenga fulashi yawo yantchito, kachipangizo kobaya pa kompyuta kosungiramo mafayilo, kuti aisandutse yoikira. Pali kapulogalamu kochitira zimenezi. Kamafufuta zonse za m'fulashi n'kulongedzamo sisitimu yatsopanoyo, kuti ukaibaya pa kompyuta ina n'kuyatsa, kompyutayo idzukire pa fulashipo n'kuyamba kudziika yokha.

Kapulogalamuko katamaliza, fulashi inatuluka ndi dzina lachilendo. Pa sikirini pankaoneka kuti XLN-9-4-X64. Alamu, amene anadutsa kudzamwa madzi, anawerama n'kuwerenga mokweza.

"Imeneyi si nambala ya galimoto yakunja?"

"Ndi dzina limene abwera nalo eni ake," anatero akulu anga. "Dzina lanji losatchulika."

Analifufuta n'kulemba kuti YOIKIRA. Ankachita zimenezi nthawi zonse ndi mafulashi a sisitimu ina ija, ndipo sizinawavutitsepo.

Loweruka masana ndinatseka shopu n'kuwaperekeza kuti ndiwanyamulire mawaya. Chipinda chophunziriramo chinali kuseri kwa galaja, moti fungo la oilo linkalowera pawindo. M'makoma munali zithunzi za zikwangwani zofwifwa ndi dzuwa, pakona pali bolodi lojambulidwa misewu ndi tigalimoto tapulasitiki tophunzitsira kukhota. Makompyuta anawandandalika pa matebulo awiri aatali. Bwana wa sukuluyo, bambo wamfupi wosasiyana ndi mtolo wa makiyi m'manja, anatilandira bwino n'kukhala pampando kuti aonerere. Alamu anaima pakhomo manja ali m'chiuno.

Akulu anga anabaya fulashi pa kompyuta yoyamba n'kuyatsa. Panabwera mawu ofunsa ngati akufuna kuika sisitimu, iwo n'kuvomera. Mizere ya tizilembo toyera inayamba kuthamanga pa sikirini yakuda, alamu n'kutsinzinira bwana wawo diso. Kenako mizere ija inaima. Mzere umodzi unayamba kudzibwereza, womwewomwewo, mpaka kudzaza sikirini, ndipo pamapeto pake panangotsala kamzere kophethira.

"Ikuganiza," anatero alamu.

Kompyutayo sinkaganiza kanthu. Akulu anga anazimitsa n'kuyesa kompyuta yachiwiri, kenako yachitatu. Zonse zinakaima pamalo amodzimodzi. Bwana anayamba kuliza makiyi aja. Sananene choipa chilichonse, anangofunsa mwaulemu ngati mwina makinawo anamugulitsa akufa. Alamu thukuta linali kamukamu, ndipo anasiya kuyang'ana bwana wawo n'kumawerenga zikwangwani za pakhoma ngati akuziona koyamba.

"Makina atatu sangadwale matenda amodzi," anatero akulu anga. "Yafa ndi fulashiyi. Alipo ali ndi ina?"

Bwana analibe. Ine yanga ndinaisiya kushopu. Akulu anga anatembenukira kwa amuna awo.

"Bambo a ana, ija ya m'galimoto."

"Iti?"

"Ya pa wailesi."

"Mayi, mmene muja muli nyimbo zanga."

"Ndizikopera kaye pa laputopu. Palibe imene itayike."

Alamu anayang'ana bwana wawo, kenako akazi awo, n'kutuluka mwakachetechete. Anabwera nayo ataifumbata ngati dzira. Inali fulashi yofiira, yothetheka pakona, yomangiriridwa kachingwe ka nsapato.

Akulu anga anakopera nyimbo zonse pa laputopu, n'kuonetsa alamu kuti aone ndi maso awo kuti zafika. Atatsegula kapulogalamu kaja, kanawafunsa njira yolembera, pakuti njira zake n'ziwiri. Pokonza fulashi yawo ija anasankha yoyamba. Anakumbukira kuti Wamagalasi ananenapo kuti yoyamba ikakana uziyesa yachiwiri, ndiye anasankha imeneyo. Chifukwa cha changu, za dzina sanaziganizire n'komwe. Anangoizula n'kukaibaya pa kompyuta.

Ulendo uno mizere inathamanga osaima, sikirini n'kuwala. Pofika madzulo makompyuta onse anali akufunsa mafunso a zikwangwani. Bwana anagwira akulu anga chanza ndi manja awiri, ndipo alamu mawu anabwerera.

"Ndinakuuzani, bwana! Ndipo mwaona, fulashi yake ndi yanga."

Anaitenga n'kuiponya m'thumba la malaya. Tonse tinaiwala kuti nyimbo zatsala pa laputopu.

Lolemba chakumasana alamu analowa m'shopu osapereka moni, n'kuika fulashi ija pa kauntala.

"Mlamu, akulu anu andiphera wailesi. Ndabaya, ili duu. Ndazula, ndapemerera, ndabayanso, duu. M'mawa wonse ndakhala ndikumvetsera mtsikana wina akukukuta magiya. Mukudziwa kulira kwa giya popanda nyimbo? Mano anga onsewa achita dzanzi."

Akulu anga anatuluka m'kachipinda n'kunena kuti imeneyo ndi ntchito yaing'ono, angofufuta za sisitimu n'kubwezeramo nyimbo. Anaibaya pa laputopu. Dzina lija linatulukanso, XLN-9-4-X64. Anayesa kulifufuta, laputopu inakana. Anayesa kuchotsa mafayilo, inakananso, n'kunena kuti fulashiyi ndi yongowerenga, yosalembedwa. Chodabwitsa china, fulashi imene kale inkasenza nyimbo mazanamazana tsopano inkaoneka yaing'ono, ndiponso yodzaza.

"Yafota," anatero alamu. "Mwaichapa ndi madzi otentha?"

"Pitani kuntchito, bambo. Muipeza madzulo."

Alamu atatuluka ndinayesa kuti akulu anga alimbana ndi fulashi yofiirayo, koma anaikankhira pambali. Anatenga yawo ija, imene anati yafa, n'kumaiyang'ana.

"Iyi ndaiyesa m'mawa, ikulemba ndi kuwerenga bwinobwino," anatero. "Ndiye Loweruka inakaniranji? Ndisanadziwe chimenecho sindikhudza ya bambo, ndingaonjezere matenda."

Anaibaya pa kompyuta yakale imene amayeserapo zinthu. Mizere inathamanga n'kukaima pomwe paja. Loweruka, ndi makiyi a bwana akulira kumbuyo kwawo, anangoona kuti yaima. Tsopano anavala magalasi, anakokera mpando pafupi, n'kuika chala pa sikirini. Anayenda nawo mzerewo chilembo ndi chilembo. Chala chinaima chakumapeto.

"Tabwera udzaone," anandiitana. "Apa palembedwa chiyani?"

Ndinawerenga. Pakati pa mawu achingerezi osamveka bwino panali XLN-9-4-X64, ndipo kutsogolo kwake mawu akuti sichikupezeka.

"Ikuitana dzina," anatero akulu anga pang'onopang'ono. "Ikadzuka imafunafuna fulashi ya dzina limeneli kuti itengemo zotsala. Ine dzinalo ndinalichotsa. Fulashi ili pomwepo pamphuno pake, koma ikuitana, palibe wovomera."

Ine ndinaganiza za kuchipatala, kumene namwino amaitana dzina la pa khadi. Ngati pa khadi alemba lina, ukhoza kukhala pa benchi mpaka atseke, iwe uli pomwepo.

Anazula fulashi, anaibaya pa laputopu, anafufuta YOIKIRA n'kulemba dzina lakale lija, akuyang'anitsitsa kamzere kalikonse ndi chilembo chachikulu chilichonse. Ataibwezera pa kompyuta yoyesera, inadutsa malo aja ngati sipanakhalepo vuto.

Sanasangalale. Anavula magalasi n'kuwaika patebulo. Ndinawapangira tiyi, n'kuzizira osamukhudza. Akulu anga si munthu wolakwitsa kawirikawiri, ndipo chinawapweteka n'chakuti cholakwikacho chinachokera pa khalidwe limene amanyadira.

"Ndinkayesa kuti dzina lija analembera ine," anatero kenako. "Kuti ndizidziwa kuti fulashi iyi ndi yachiyani. Osadziwa kuti pali winanso amene amaliwerenga."

"Nanga mafulashi ena aja munkasintha aja?"

"Sisitimu inayo siitana dzina, ili ndi njira yake yopezera zinthu. Ndinkangopulumuka osadziwa."

Atamwa tiyi wozizirayo anaimbira Wamagalasi, foni n'kuiika pokweza mawu kuti manja akhale omasuka. Anamufotokozera zonse. Kwa nthawi yoyamba chidziwireni munthu uja, ndinamumva akuseka.

"Mayi, pepani, ndinaiwala kukuuzani za dzinalo. Inetu sindisintha mayina, ulesi umanditeteza."

"Zimenezo zatha. Ndiuze za yofiirayi. Bwanji yanga ikulola kusintha dzina, ya bambo ikukana?"

Wamagalasi anati kusiyana kwake ndi njira ziwiri zija. Njira yoyamba imakonza fulashi mwa masiku onse n'kulongedzamo mafayilo limodzilimodzi, dzina n'kulilemba pamwamba ngati pensulo pa envulopu, loti ukhoza kufufuta. Njira yachiwiri silongedza kanthu. Imatenga chimbale chonse cha sisitimu monga chilili, n'kuchidinda pa fulashi kuyambira poyambirira penipeni, pamodzi ndi dzina lake, kukula kwake, ndi lamulo lake lakuti muno simulembedwa.

"Afunseni ang'ono anuwo," anatero. "Mawu a pa fotokope amafufutika ndi labala?"

"Safufutika," ndinayankha ndili pa kauntala.

"Basi. Fulashiyo panopa ikudziyesa chimbale. Malo ake onse alipo, koma laputopu ikukhulupirira zimene zadindidwa koyambirirako. Wailesi ya m'galimoto nayo chinenero chimenecho sichimva."

Anati mankhwala ake si kulimbana ndi dzina. Pafunika kupukuta koyambirira kwa fulashiko, kumene kuli zizindikiro zouza kompyuta kuti ichi n'chiyani, kenako kuidulira chigawo chatsopano chotenga malo onse, n'kuifomata, ndiye kuti kuikonza mwatsopano, mwa mtundu umene mawailesi amamva. Anawauza mawu oti alembe. Kenako mawu ake anasintha.

"Koma mayi, apa ndiye pofunika maso. Lamulo limenelo silifunsa kawiri. Mukaloza molakwika mupukuta laputopu yanuyo, ndi nyimbo za bambo zomwe."

Akulu anga anazula chilichonse chimene chinali chobayidwa pa laputopu. Anaitanitsa mndandanda wa zosungira zimene laputopu ikuziona, fulashi isanabayidwe. Anaibaya n'kuitanitsanso, kuti aone chimene chawonjezekera. Anaizula, chinasowa. Anaibaya, chinabwera. Anayerekeza kukula kwake ndi nambala yolembedwa pa fulashi penipenipo. Atalemba lamulo lija sanadine. Anandiitana kuti ndiwerenge mokweza chilembo chilichonse, ngakhale panali kasitomala akudikira fotokope ya chiphaso chake. Nditamaliza anadina.

Sipanamveke kanthu. Dzina lija linangozimiririka. Atadula chigawo chatsopano, fulashi inabwerera kukula kwake konse.

Alamu anafika akulu anga ali pa bokosi lofomatira, pamene pali kampata kolembapo dzina.

"Bambo a ana, tilembepo chiyani? NYIMBO?"

"Musalembepo kanthu, mayi. Chonde. Ndikudziwa kuti ndi yanga."

Zala za akulu anga zinaima m'mwamba mwa kiyibodi kwa kanthawi. Kenako anasiya kampatako kali mbee n'kudina. Anakopera nyimbo zonse ulendo umodzi, alamu n'kupita nayo ku galimoto. Tinamva gitala akulira pamsewu, hutala n'kulira kawiri. Tinati nkhani yatha.

Mawa lake anabweranso, ulendo uno osakalipa. Anakhala pa mpando wa makasitomala n'kumazunguliza kachingwe ka nsapato kaja pa chala.

"Nyimbo zonse zilimo," anatero. "Koma zasokonekera."

Zinapezeka kuti wailesi ya m'galimotomo imaimba nyimbo motsatira mmene zinalowera m'fulashi, ndipo alamu anazilowetsa pang'onopang'ono kwa zaka, mwadala. Zoyambirira zinali zodekha, za wophunzira watsopano amene sanazolowere chiwongolero. Zapakati zinali za munthu amene wayamba kulowa mumsewu waukulu. Zothamanga zinali kumapeto, za amene watsala pang'ono kukayesedwa. Panalinso ina imene ankaiika poyeserera kunyamuka pa mtunda, chifukwa ng'oma yake imagunda pa liwiro loyenera kutulutsira phazi pa kilatchi. Laputopu inazikopera motsatira mayina a mafayilo, ndipo m'mawa umenewo mayi wina wamantha, tsiku lake loyamba kugwira chiwongolero, analandiridwa ndi nyimbo ya kumapeto. Anaponda mafuta m'malo mwa buleki, mwamwayi kutsogolo kunali bwalo lopanda kanthu.

Akulu anga anatembenukira kwa amuna awo.

"Zaka zonsezi ndimayesa mumangosokosera ana a eni ake," anatero. "Bwanji simunanene?"

"Munafunsa?"

Lamulungu masana ndinapita kwawo kukacheza, ndipo ndinawapeza patebulo lodyera, laputopu pakati. Akulu anga anali atapukutanso fulashi ija. Vuto linali lakuti alamu mayina a nyimbo sawadziwa, ndipo mafayilo ambiri anali ndi manambala okha. Ndiye akulu anga ankatsegula nyimbo, imveke pang'ono, alamu n'kugamula.

"Ayi, iyo ndi ya pa mphambano. Isungeni kaye."

"Nanga iyi?"

"Ya kubwerera m'mbuyo. Isanafike imeneyo pali ina, ija imayamba ndi likhweru." Anaimba likhwerulo, akulu anga n'kuyamba kuisaka.

Akaipeza ankaikopera yokha, n'kudikira kuti ilowe asanakhudze yotsatira. Ntchito imene laputopu inaichita m'kanthawi kochepa inawatengera masana onse. Penapake anakangana, alamu akuti nyimbo ina inasowa, akulu anga akuti sinakhalepo chiyambire, mpaka alamu anakumbukira kuti imeneyo inali pa kaseti ya m'lole. Nyimbo ina itayamba onse awiri anangoti zii, osagamula kuti ndi ya pati, mpaka inatha yonse. Ine sindinafunse. Ndinapita kukhitchini kukatsuka makapu amene anali otsuka kale.

Kuyambira nthawi imeneyo akulu anga anagula mafulashi oikira okhaokha, ndipo sabwerekanso ya munthu. Dzina la m'kati amalisiya mmene labwerera, lawo amalemba pa kapepala n'kumata kunja. Mbiri inafalanso kuti pa shopu ya fotokope pali mayi amene amadzutsa mafulashi ofota. Amabwera ana a sukulu zaukachenjede, aphunzitsi, ngakhale okonza mafoni a tsidya lina la msewu. Ambiri nkhani yake ndi yomweyo: wina anabwereka fulashi kukaikira sisitimu, n'kuibweza ili ndi dzina lachilendo, yaing'ono, yokana kulembedwa. Asanakhudze kanthu amamufunsa munthu ngati muli chimene akuchifunabe, ndipo amamuuza mosapsatira kuti zimene zinalimo asanaidinde zinapita kale. Ena amakhumudwa, ena amatukwana amene anawabwerekayo. Akulu anga amadikira kuti amalize, kenako amazula zonse za pa laputopu n'kuyamba ntchito.

Alamu anapuma ntchito chaka chatha, maondo atakana. Akulu anga anachitidwa opaleshoni ya ng'ala diso limodzi, ndipo tsopano amagwira m'mawa mokha, sikirini ataikulitsa zilembo. Mwezi wathawu mwana wawo wamkazi anachira mwana wachiwiri, ndipo anawaitana kuti akakhale naye mumzinda umene amagwirako ntchito. Anawauza kuti asiye zokonzakonzazi, akalamba, akapume. Akulu anga anavomera kupita kukathandiza, za kusiyazo sanayankhe.

Chipitireni amaimba foni tsiku lililonse. Amayamba ndi za khanda, kuti likuyamwa bwino ndiponso lili ndi mphuno ya agogo ake aamuna, kenako amafunsa amene wabwera kushopu. Pakali pano m'kachipinda muja mukudikira makompyuta a anthu atatu, ndipo mmodzi wakana kupita nayo kwina ngakhale ndinamuuza kuti sindikudziwa tsiku lobwera. Dzulo ndinawauza zimenezi, khanda likulira chapatali. Kenako anati apongozi a mwana wawo afika kale kudzalandira ntchito yolera, ndipo nyumbayo yachepa. Akwera basi ya Lachisanu m'mawa. Andiuza kuti ndiuze alamu akawachingamire, ndiponso kuti ndisayerekeze kupukuta patebulo pawo.